Kodi ichi ndi chipatso kapena kanungu? Za durian wofiira wa m'nkhalango za Borneo

Nachisale (ku Sabah): Moni nonse pa gulu pano. Ndinasowa, sukulu inandikhala pakhosi. Lero ndabwera ndi ndagi. Onani zithunzi ziwirizi. Choyambacho ndi chinthucho chili chotseka, chachiwiricho ndachitsegula. Wolondola ndimugulira mayunitsi.

Bambo a Tadala: Choyambacho ndi kanungu kadzipinda. Chachiwiricho ndi kanungu komweko mutakapha. Nambala yanga mukuidziwa, tumizani.

Mai a Mapasa: Iii achemwali, kufiira kumeneko ngati chiwindi chosaphika! Musandiuze kuti mwaika m'kamwa.

Dalaivala wa ku Dar: Kunjako ndi durian, ndikumudziwa bwinobwino. Ndinamudya ku Zanzibar, kumeneko amati doriani. Koma m'kati mwake mumakhala moyera mopita ku chikasu, mofewa ngati kasitadi. Chofiira chanucho akuthirani kala wa mafirizesi, anakuonani kuti ndinu mlendo. Ndipo mukanakhala kuti mwatsegula durian weniweni m'chipinda, bwenzi anzanu atakutulutsani kale ndi katundu yemwe.

Nachisale (ku Sabah): Adala mwalondola theka. Ndi durian ndithu, koma si uja munadya inuyo. Uyu ndi wa m'tchire. Kuno ku Sabah, dera la Malaysia pa chilumba cha Borneo, amamutcha durian merah, kutanthauza kuti wofiira, ndipo ena amati dalit, makamaka akakhala wofiirira ngati papaya wakupsa. Mayina amasinthasintha malinga ndi dera. Ndamugula pa tamu, umene uli msika wa pa sabata, ngati kabwandire kwathu. Amayi a kumidzi amayala pansi zimene atola ndi kulima. Kala palibepo, amatuluka choncho mu mtengo.

Dalaivala wa ku Dar: Fungo?

Nachisale (ku Sabah): Apa ndi pamene pandidabwitsa. Chikoko chake chili ndi kafungo ndithu, koma mnofu wakewo ndi wofatsa, uyenera kuufikitsa pamphuno kuti umve. Uja wa m'masitolo ndimamudziwa, amakulonjera uli kutali, ngati wina wasakaniza anyezi wowola ndi shuga kenako n'kusiya gasi akutuluka. Uyu ayi.

Dalaivala wa ku Dar: Ndiye si durian ameneyo. Durian wosanunkha ali ngati kachasu wosaledzeretsa.

Aphunzitsi Opuma: Ndilowepo pang'ono, poti nkhani yafika kwathu. Durian si mtengo umodzi ayi, ndi fuko. Akatswiri a zomera amawerenga mitundu pafupifupi 30 ya fuko la Durio, ndipo yosachepera 9 ndiyo imabala zipatso zodyedwa. Umene unatchuka n'kufika ku Zanzibar ndi m'masitolo a ku China ndi umodzi wokha, Durio zibethinus. Ma Musang King a ku Malaysia ndi ma Monthong a ku Thailand onsewo ndi ana a m'nyumba imodzi imeneyo, ngati mmene kalisere ndi boloma onse alili mango. Wa mwana wathuyu, poona kukula kwake, minga yake ndi kufiirako, ndi Durio graveolens. Amamera ku Borneo, ku Sumatra, ku chigawo cha Malaysia cha kumtunda, ku chilumba cha Palawan ku Philippines ndi kummwera kwa Thailand. Anamulemba m'mabuku a sayansi ndi Mtaliyana wina, Odoardo Beccari, m'chaka cha 1889, atayenda m'nkhalango za Sarawak, dera lina la ku Borneo, m'zaka za m'ma 1860. Choseketsa n'chakuti graveolens m'Chilatini ndiye kuti wa fungo lamphamvu, chonsecho pa abale ake onse iyeyu ali m'gulu la ofatsa. Dzina lakuti durian lenilenilo likuchokera ku duri, liwu la Chimalay lotanthauza munga.

Bambo a Tadala: Aphunzitsi, mayeso alipo pamapeto? Ndikonzekeretu.

Aphunzitsi Opuma: Inu munalephera kale pa funso loyamba, munati kanungu.

Mai a Mapasa: Zachilatinizo zikhale uko. Ine ndikufuna kumva kakomedwe kake. Achemwali, fotokozani ngati mukufotokozera wakhungu.

Nachisale (ku Sabah): Ndinene chilungamo, kuluma koyamba ndinakhumudwa. Maso ananditsogolera kuti chinthu chofiira chonchi chikhala chotsekemera ngati jamu. Ndinapeza kuti shuga ndi wongoyerekeza. Tangoganizani peyala lakupsa bwino, lija lamafuta, mwaliphwanya n'kuthiramo kachiponde pang'ono, ndiye likumata kumtunda kwa kamwa. Mnofu wakenso ndi wochepa, wangokuta nthanga yaikulu yoderapo ngati mmene zimakhalira ndi masuku: ukamaliza kumung'unya umadzifunsa kuti ndalama yanga yapita kuti. Chipatso chonsecho ndi chaching'ono, chosaposa mutu wa mwana wakhanda, chili ndi zipinda zisanu, ndipo chipinda chilichonse muli nthanga imodzi kapena ziwiri, zina mulibe n'komwe.

Komanso ndivomere uchitsiru wanga. Amayi ogulitsa aja anachimanga ndi labala kuti chisayasamule, n'kundiuza kuti ndichikulunge m'nyuzipepala. Ine kudzimva kuzindikira ndinangochiponya m'jumbo. M'basi ndinaika jumbolo pamiyendo, dalaivala n'kuponda buleki mwadzidzidzi. Mukanamva kukuwa kwake! Ntchafu yanga pano ili ndi timadontho ngati ndinakhalira chipeso.

Bambo a Tadala: Kkkkk ndiye kanungu kanga kaja kabwezera. Ndinanena ine.

Anaphiri (Manchester): Pepani achemwali, tsukani bwino ndi sopo, minga ya zomera imatha kuyambitsa mafinya. Kuno ndimamuona durian m'masitolo a Atchaina, wouma ndi ayezi, atamukulunga kawiri katatu, mtengo wake wongoti uone n'kupitirira. Wofiirayu sindinamuonepo. Mnzanga wa ku Singapore amene timagwira limodzi ku wodi anandiuza kuti kwawo salola kukwera naye sitima zapansi pa nthaka. Kumeneko ku hositelo akukulolani?

Nachisale (ku Sabah): Pakhomo pali chikwangwani, chithunzi cha durian chodulidwa ndi mzere wofiira. Sichisankha mtundu. Ndadyera panja pa masitepe ngati mwana wolangidwa.

Mlimi wa ku Chintheche: Ndakhala ndikuwerenga mwakachetechete. Achemwali, nthangazo musataye chonde. Ziyanikeni bwino, muzisunge mu envulopu, mukamabwera pa holide mudzanditengere. Kuno kunyanja kumatentha, mvula imagwa yambiri, ndili ndi malo m'mbali mwa mtsinje. Ndamva kuti Atchaina akugula durian ngati golide. Munthu atakhala woyamba kubzala wofiirayu m'Malawi muno, ana ake sangadzavutike.

Alangizi: Achimwene a ku Chintheche, ndikuyankheni zinthu ziwiri musanayambe kuwerenga ndalama. Choyamba, mwati ayanike. Nthanga ya durian ikauma yafa. Si chimanga ayi. Ili m'gulu limodzi ndi nthanga za peyala, za mango ndi za masuku, zimene zimafuna kulowa m'dothi zikadali zaziwisi. Masiku ochepa okha padzuwa, mphamvu yomera yatha. Envulopu yanuyo ikadzafika ku Chileka idzakhala bokosi la maliro. Chachiwiri ndiye chachikulu: mbewu kapena chomera chochokera kunja sichilowa m'dziko m'thumba la jekete. Pamafunika chilolezo cha a zofufuza za ulimi, komanso chikalata cha dziko limene chikuchokeracho chotsimikiza kuti chilibe matenda. Inu a ku Nkhata Bay ndinu oyenera kumvetsa kuposa tonse. Chisaka cha nthochi chinayamba kuoneka m'dziko muno m'zaka za m'ma 1990, n'kumayenda ndi ana a nthochi amene anthu ankapatsana mwachikondi chomwechi. Minda ya nthochi ya kwanu ndi ya ku Thyolo inathera pati?

Mlimi wa ku Chintheche: Za chilolezo ndamva, sindikutsutsa. Koma musandiuze kuti mtengo wakunja sungamere kuno. Labala wa ku Vizara kwawo ndi ku Brazil. Mango kwawo ndi ku India. Peyala ndi chimanga chomwe tikudyachi zinachokera ku Mexico. Akanamvera alangizi a nthawi imeneyo bwenzi tikudyabe mapira okhaokha.

Bambo a Tadala: Chigoli! Alangizi, mpira uli pakati.

Alangizi: Mfundo yanu ndi yabwino, ndipo sindinati sungamere. Kumera ndi kubala ndi nkhani ziwiri. Nachisale, tauzani gulu, chifikireni kumeneko mwaonapo mwezi wathunthu wopanda mvula? Mwavalapo juzi?

Nachisale (ku Sabah): Juzi ndimavalira makina oziziritsa a mu laibulale basi. Mvula imachepa cha mu February ndi March, koma udzu suuma ngati kwathu. Nsapato zachikopa ukazisiya sabata ziwiri pansi pa bedi zimamera nguwi.

Alangizi: Mwamva? Ku Kota Kinabalu, likulu la Sabah, mvula imafika cha m'ma 2,500 mm pa chaka, yogawika m'miyezi yonse. Ku Chintheche imagwa yambiri, inde, koma kuyambira June mpaka October mumadalira chiyani? Ndiye pali mwera. Mtengo uwu unazolowera kukulira pamthunzi wa inzake, mu mpweya wa chinyontho, usiku wofunda chaka chonse. Mulanje ndi Thyolo mvula ilipo, koma chiperoni chingaufinye masamba. Mango amapirira chilimwe chifukwa kwawo ku India kulinso chilimwe. Uyu sachidziwa.

Mlimi wa ku Chintheche: Mtsinje wanga suphwa. Ndithirira.

Alangizi: Muthirira mizu. Mpweya muuthirira ndi chiyani? Komanso wofesa kuchokera ku nthanga amadikira zaka 7, 10, mwina kuposa, asanalawe. Womezanitsa ndiye amafulumira, zaka 4 mpaka 6. Ndiponso dziwani kuti amene Atchaina akulimbirana ndi uja wonunkha, osati wa m'tchireyu. Mukafunadi kuyesa, pitani ku malo a zofufuza za ulimi a ku Mkondezi, si patali ndi kwanu, mukafunse njira yake yoyenera.

Aphunzitsi Opuma: Pali mlimi winanso amene simunamutchule, ndipo popanda iyeyo palibe chipatso: mleme. Maluwa a durian amatuluka pa nthambi zikuluzikulu, osati kunsonga, m'magulumagulu. Amatseguka madzulo, amanunkhira ngati mkaka woyamba kusasa, ndipo pofika m'mawa agwa. Usiku umodzi wokhawo ndi umene mileme yomwa timadzi ta m'maluwa imabwera, n'kunyamula mungu pa ubweya wake kupita nawo ku mtengo wina. Wodziwika kwambiri ndi kamleme ka m'mapanga kotchedwa Eonycteris spelaea. Tsono mukaswa phiri la mapanga kuti mupange simenti, mwaphanso durian wa makilomita ambiri kuzungulira pamenepo osagwira nkhwangwa.

Ndipo apa ndi pamene nkhaniyi imatikhudza ife. Ndani pano anakhalapo pansi pa mlambe madzulo nthawi ya maluwa? Maluwa oyera aja olendewera, otseguka dzuwa likalowa, a fungo losakoma kwenikweni, n'kugwa tsiku lotsatira? Nawonso amadikira mileme. Mlambe ndi durian ndi apachibale, onse ali m'banja la Malvaceae. M'banja lomwelo muli therere lobala, thonje, chidede, matowo ndi koko wopangira chokoleti.

Mai a Mapasa: Aaa aphunzitsi, therere ndi chinthu chamingachi? Ukwati wake unachitikira kuti?

Aphunzitsi Opuma: Yang'anani duwa la therere ndi la thonje, kenako mutsegule therere lokhwima louma: zipinda zisanu, kung'ambika motsata mizere. Bwererani pa chithunzi chachiwiri cha Nachisale muwerenge zipinda.

Mai a Mapasa: Ndawerenga. Zisanu. Mwandigonjetsa, koma sindithira durian soda.

Bambo a Tadala: Funso lofunika kwa ife a Loweruka: amayenda ndi kamowa?

Nachisale (ku Sabah): Kuno aliyense amakuletsa, kuyambira ogulitsa mpaka oyendetsa takisi. Amati durian ndi wotentha, ukaphatikiza ndi mowa thupi limasokonezeka.

Aphunzitsi Opuma: Si nthano chabe. Mu 2009 ofufuza a pa yunivesite ya Tsukuba ku Japan anapeza kuti madzi a durian wamba amafooketsa enzyme imene imathandiza thupi kuchotsa poizoni wotsalira mowa ukamagayidwa. Anayesera mu labotale, osati pa anthu, komabe ine sindingadzipereke kukhala woyamba. Zimene zimachititsa ndi zomwe zija zimabweretsa fungo, tinthu tokhala ndi sulfure. Mu 2017 a ku Singapore atawerenga majini (genes, malangizo a chibadwa a m'maselo) a Musang King anapeza kuti ali ndi majini owonjezera opangira tinthu timeneti.

Bambo a Tadala: Basi chipatsochi si changa.

Woyang'anira Gulu: Tikukumbutsane kuti malonda a mbewu za tomato ali ndi tsiku lake, Lachisanu. Ndachotsa mauthenga awiri. Pitirizani za durian.

Nachisale (ku Sabah): Ndabweranso patatha sabata, ndipo ndili ndi zambiri. Mnzanga wa m'kalasi, wa mtundu wa Kadazandusun, ataona kuti ndikunyoza chipatso cha kwawo anati sindinadye, ndinangolawa. Ananditenga kumudzi kwawo cha kumapiri, njira ya ku Tenom. Mai a Mapasa, khalani pansi, iyi ndi yanu.

Mayi ake sadya wofiirayu ngati chipatso, amamuphika ngati ndiwo. Anakanda mnofu kuuchotsa ku nthanga ndi supuni mpaka kadzadza kambale. Pamoto anaika mafuta pang'ono kwambiri, anyezi wofiira, tsabola wonga kambuzi wathu, ndi tinsomba touma tonga usipa waung'ono timene amati ikan bilis. Zitayamba kununkhira anathiramo mnofu uja ndi mchere, n'kumatakasa. Mphindi zochepa chabe, unasungunuka n'kukhala phala lofiira lonyezimira, mafuta ake akutuluka okha m'mbali mwa chiwaya. Tinadyera mpunga wotentha. Abale anga, apa ndiye ndinamvetsa. Kukoma kwake kuli ngati ndiwo zotendera, koma nsinjiro zake ndi chipatsocho. Ndinapempha kuwonjezera kawiri, manyazi ndinawasiya m'basi.

Wotsala amamuthira mchere n'kumutsekera m'botolo kuti asase. Durian wosasitsa choncho amamutcha tempoyak, ndipo amakhala miyezi, n'kumatapako pophika nsomba. Maluwa akagwa m'mawa amawatolanso n'kukazinga.

Mai a Mapasa: Eee, tsopano mukulankhula chinenero changa. Ndiye kuti ndi nsinjiro zomera mu mtengo. Ndi nsima zingayende?

Nachisale (ku Sabah): Ndinaganiza zomwezo ndili pakati pa mbale. Ndi nsima ya kondowole zingakhale zoopsa.

Dalaivala wa ku Dar: Chipatso chofuna anyezi ndi mchere kuti chikome. Ine ndikadali pomwe paja, wa ku Zanzibar safuna thandizo.

Nachisale (ku Sabah): Adala dikirani ndikuuzeni za mtengo wake, mwina muupatsa ulemu. Tinayenda mwina theka la ola kuchoka pa nyumba, kudutsa m'munda wa labala, kutsika kukhwawa, misundu ikutikwera m'miyendo. Ndinkayembekeza mtengo wonga wa mango. Mnzanga anangoima n'kuloza m'mwamba. Thunthu lowongoka ngati mbawa yakale, lopanda nthambi mpaka kutali, moti chipewa chinagwa ndikuyang'ana. Pansi pake mizu inatuluka ngati zipupa zopyapyala, zina zondipitirira msinkhu, ukhoza kubisala pakati pake mvula ikamagwa. Ndinatola tsamba: pamwamba lobiriwira, pansi lofiirira ngati mkuwa. Zipatso zinali mbuu pa nthambi m'mwambamo, tating'ono ngati mateme poonera pansi.

Ndiye kusiyana kwake ndi uja wa adala ndi uku. Durian wamba akapsa amagwa yekha ali wotseka, anthu amamanga timisasa pansi n'kumadikira usiku kuti amve "dii!" Wofiirayu amayasamula akadali mu mtengo. Kufiira kuja si kwa ife ayi, ndi chikwangwani choitanira mbalame. Zimabwera mbalame za milomo ikuluikulu, abale ake a nang'omba, n'kumeza nthanga ndi mnofu womwe, kukazitaya kutali. N'chifukwa chake m'madera ena amamutcha durian burung, durian wa mbalame. Pansi pa mtengo tinapeza zikoko zambiri zopanda kanthu, agologolo ndi mbalame zitatitsogolera. Tsono kuti munthu apeze chogulitsa, ayenera kukwera n'kuthyola zisanayasamule. Amene amakwera pamudzipo ndi amalume ake a mnzangayo, munthu woti imvi zayamba. Anyamata onse ali m'tauni.

Aphunzitsi Opuma: Mabuku amati umafika mamita 50. Ndi wautali kuposa nyumba ya nsanjika khumi. Ndipo za kudikira pansi pa mtengo zija zili ndi ngozi yake. Alfred Russel Wallace, katswiri wa zachilengedwe wa ku Britain, amene anali ku Sarawak m'zaka za m'ma 1850 ndipo anamukonda durian kwambiri, analemba za anthu a mtundu wa Dayak ovulazidwa ndi zipatso zakugwa. Taganizani chinthu cholemera makilogalamu awiri, chaminga, chochokera kutalika koteroko.

Bambo a Tadala: Achemwali analira ndi buleki chabe.

Mlimi wa ku Chintheche: Mamita 50? Nanga ndikadzakalamba adzandikwerere ndani?

Alangizi: Mwayamba kufunsa mafunso a mlimi tsopano.

Nachisale (ku Sabah): Chinanso chimene chinandigwira mtima. Ndinafunsa kuti mtengowu ndi wa ndani. Anati unasiyidwa ndi agogo awo pamene ankatsegula munda, sanaubzale, anangouleka. Pano ndi wa adzukulu onse, ndipo ukabala aliyense ali ndi gawo, ngakhale amene ali ku Kuala Lumpur amamusungira botolo lake. Komanso subala mofanana chaka ndi chaka. Zaka zina nkhalango yonse imachita maluwa nthawi imodzi, makamaka pakadutsa kachilala, misika n'kusefukira. Zaka zina ziii.

Pobwerera tinakwera pa kaphiri, n'kuona tsidya lina. Kanjedza wa mafuta yekhayekha, mizeremizere mpaka kumene maso alekezera. Mayi aja anati kumeneko n'kumene ankatola sukang ali mtsikana.

Anaphiri (Manchester): Sukang ndiye chiyaninso?

Nachisale (ku Sabah): M'bale wake wina wa m'tchire. Wobiriwira, minga yaitali yopindika, wotsekemera kwambiri. Adala a ku Dar ameneyo angamukonde.

Aphunzitsi Opuma: Durio oxleyanus ameneyo, ndipo iye zipinda zake zimakhala zinayi, Mai a Mapasa musandigwire bodza. Alipo enanso. Durio kutejensis, amene ku Kalimantan, chigawo cha Borneo cha dziko la Indonesia, amati lai, dzina lake lachilatini likuchokera ku dera la Kutai, mnofu wake wachikasu woderapo, woumirako, fungo lochepa, maluwa ake ofiira. Durio dulcis ndi wofiira kunja, minga yaitali yothithikana, wovuta kutsegula mpaka amachita kumudula ndi chikwanje, koma amati pa kutsekemera palibe mnzake. Awiri amenewa bungwe loona zoteteza chilengedwe pa dziko lonse la IUCN linawaika pa mndandanda wa zomera zimene zili pa chiopsezo. Wondisangalatsa ine ndi Durio testudinarum, durian kura-kura, kutanthauza wa kamba: amabalira m'munsi mwa thunthu, pafupi ndi nthaka, poti ngakhale kamba angafikire.

Mlimi wa ku Chintheche: Ameneyo ndiye wanga! Wosafuna makwerero.

Alangizi: Chilolezo chake ndi chomwechija, achimwene.

Anaphiri (Manchester): Za kanjedzayo zandikhudza. Kuno pa mabotolo ambiri a chiponde, pa bisiketi, pa sopo, ukawerenga umapeza mafuta a kanjedza. Ndimamva kuti Indonesia ndi Malaysia ndiwo amapanga oposa 80 pa 100 alionse a dziko lonse. Ndipo anyani akuluakulu aja otchedwa orangutan amene amaonetsa pa TV akusowa pokhala, chakudya chawo china si durian yemweyu?

Nachisale (ku Sabah): Ndi yemweyu, amamukonda kwambiri, pamodzi ndi zimbalangondo zazing'ono za kuno ndi njovu. Koma ndisanamizire kuti anthu a kumudzi kuja amadana ndi kanjedza. Msuweni wake wa mnzanga ali ndi maekala ake, ndipo ndi amene akulipirira ana sukulu. Kanjedza amakolola kawiri pa mwezi, chaka chonse. Durian wa m'tchire amakupatsa kamodzi, mwinanso osakupatsa. Ndinakhala chete, chifukwa ndinakumbuka kwathu ku Dedza mmene misuku ya kuseri kwa sukulu inathera kukhala makala, ndipo amene anaitentha sanali anthu oipa, anali amalume anga ofuna feteleza.

Dalaivala wa ku Dar: Ndipo kanjedza ameneyo kwawo ndi kuno ku Africa. Ku Karonga ndi ku Kyela amafinya mawese kuyambira kalekale. Ndiye mtengo wathu unapita kukadya nkhalango ya eni ake.

Mlimi wa ku Chintheche: Mwaona alangizi? Wathu anapita n'kukalemera kumeneko. Wawo abwere kuno, tifanane.

Alangizi: Kkkk simugonja inu. Chabwino, ndikupatseni ntchito yoti muyambe mawa popanda pasipoti. Ku Makoka, ku Zomba, a bungwe lofufuza za mitengo ndi ulimi la ICRAF anagwira ntchito zaka zambiri yosankha ndi kumezanitsa masuku, kuti mtengo ubale msanga komanso zipatso zikhale zazikulu. Paja msuku uli ndi waumuna ndi waukazi, ukafesa nthanga sudziwa chimene wabzala mpaka patapita zaka, koma ukamezanitsa ndi nthambi ya waukazi wobala bwino wadziwiratu. Luso lake ndi lomwelo limene alimi a durian amagwiritsa ntchito. Phunzirani pa msuku. Dzanja likazolowera mpeni, durian wanu akadzabwera ndi mapepala ake adzakupezani okonzeka.

Mlimi wa ku Chintheche: Masuku Atchaina sagula.

Mai a Mapasa: Sanawalawe.

Aphunzitsi Opuma: Nachisale, ngati nthawi ilola, ku Tenom komweko kuli munda wa boma wa Sabah Agriculture Park, kumene anasonkhanitsa mitengo ya zipatso ya m'nkhalango za kumeneko. Mukatijambulire kura-kura uja, ndimuone ndisanafe.

Nachisale (ku Sabah): Ndidzapita mayeso akatha, aphunzitsi. Koma ndili ndi mlandu wina woti ndiulule. Nthanga za tsiku loyamba zija sindinataye. Zitatu ndinazikwirira m'zikapu za yogati ndi dothi la kuseri kwa hositelo, n'kuziika pa zenera. Lero m'mawa ziwiri zatulutsa kamuzu konenepa ngati chala cha mwana, kapinda n'kulowa pansi, nthanga yayamba kunyamuka m'dothi.

Mlimi wa ku Chintheche: Achemwali!! Imodzi yokha. Ndikupemphani ndi ulemu wonse.

Nachisale (ku Sabah): Pepani achimwene, zili ndi mwini kale. Ndawatumizira chithunzi mayi a mnzanga aja, ayankha kuti ndibwere nazo zikatulutsa masamba anayi, akonza malo kukhwawa kuja pamthunzi wa nthochi. Ati imodzi idzatchedwa ya Malawi, ndipo ikadzabala ndidzakhala ndi gawo langa ngati mdzukulu.

Alangizi: Muzithirira pang'onopang'ono, zikapu zikhale zoboola pansi, ndipo musazionetse dzuwa la masana. Chikoko cha nthanga chikakanirira kunsonga musachikoke, chidzagwa chokha.

Bambo a Tadala: Zaka 10 zikubwerazi tidzapite tonse kukatenga botolo lathu. Amalume okwera aja muwauze adzisamalire. Koma nkhani ya mayunitsi sinathe, adala a ku Dar analondola theka, ine ndinalondola minga.

Dalaivala wa ku Dar: Theka langalo mupatseni, ine ndikufuna sukang.